Malipiro a Wanchito Pamene Bwana Wachita Apilo

Munthu akachotsedwa nchito m'boma la Mchinji, kaya anali mlonda pa esiteti ya fodya cha ku Mkanda, kaya wogulitsa m'sitolo pa Kamwendo, kaya woyendetsa malole amene amadutsa pa chipata cha Mwami kunka ku Chipata, ulendo wake wofuna chilungamo umayambira pa khomo limodzi, ndilo ofesi ya leba ya pa Boma. Lamulo la za nchito la mu 2000 limampatsa miyezi 3 kuchokera tsiku limene wachotsedwa kuti akatule dandaulo lake kumeneko. Mkulu wa leba amaitana bwana ndi wanchito nayesa kuwayanjanitsa, ndipo ukatha mwezi nkhani isanakonzeke, mlandu ungathe kupita ku bwalo loweruza milandu ya nchito, limene pa Chingerezi limatchedwa Industrial Relations Court. Kwa munthu wa ku Mchinji, ofesi yapafupi ya bwalo limeneli ili ku Lilongwe, mtunda wa makilomita opitirira 100 pa msewu wa M12, ndipo ulendo uliwonse umafuna ndalama ya basi yopitira ndi yobwererera.

Omvera ayerekeze za mlonda amene wagwira nchito zaka 8 pa esiteti imodzi. Usiku wina mabelo awiri a fodya asowa m'shedi. M'mawa mwake kapitawo amuuza kuti atule tochi ndi chikhoto azipita, osamfunsa n'komwe chimene anaona kapena kumva usikuwo. Mlonda uja ayenda njira yonse ija, agulitsa mbuzi kuti apeze ya basi, ndipo patapita nthawi yaitali woweruza agamula kuti anachotsedwa mopanda chilungamo, tsono abwerere pa nchito yake. Kunyumba kukhala nthungululu. Koma mwezi usanathe kufika kalata yonena kuti bwana sanakhutire ndi chigamulocho, wachita apilo ku Bwalo Lalikulu. Nanga pa miyezi kapena zaka zimene apiloyo idzakhala ikudikira kumvedwa, mlondayo ali pa nchito kapena ali pa ulova? Kodi mwezi ukatha alandire malipiro, kapena akhale chimanjamanja kufikira oweruza a pamwamba atalankhula?

Funso lotere silikadafunsidwa n'komwe zaka za m'mbuyomo. Chisanafike chaka cha 1994, makhoti a kuno ankatsata mwambo wa malamulo a ku Mangalande, umene unkalola bwana kuthetsa nchito ya munthu popanda kutchula chifukwa, malinga wampatsa notisi kapena ndalama ya notisiyo. Ndiponso makhoti sankakakamiza bwana kulandiranso munthu amene sakumfuna. Ngakhale dziko la Malawi linavomereza mu 1986 pangano nambala 158 la bungwe loona za nchito pa dziko lonse la ILO, limene limati munthu asachotsedwe popanda chifukwa chomveka, zinthu zinasinthadi pamene malamulo aakulu oyendetsera dziko a mu 1994 anabwera. Ndime 31 ya malamulowo inapatsa munthu aliyense ufulu wogwira nchito mosaponderezedwa ndi kulandira malipiro oyenera. Pambuyo pake Nyumba ya Malamulo inapanga lamulo la Labour Relations Act mu 1996 ndi la Employment Act mu 2000, ndipo pa malamulo awiri amenewa mpamene pagona nkhani ya mlonda uja.

Lamulo la mu 2000 likuti bwana asachotse munthu popanda chifukwa chenicheni chokhudza khalidwe lake, luso lake kapena kayendedwe ka nchito ya kampaniyo, ndiponso kuti munthu woganiziridwa cholakwa ayambe wapatsidwa mpata wodziteteza. Pa bwalo, udindo woonetsa chifukwacho uli pa bwana, osati pa wanchito. Bwalo likapeza kuti munthu analakwiridwa, ndime 63 ikulipatsa njira zitatu: kumbwezera pa nchito yake yomweyo, kumlembetsa nchito ina yofanana nayo, kapena kumpatsa chipukuta misozi. Ndipo lamulo likuti woweruza ayambe waganizira za kumbwezera, pomva zofuna za mwini wakeyo ndi kuona momwe zinthu zinayendera pochotsedwapo. Mawu ofunika kuwagwiritsa ndi akuti munthu wobwezeredwa pa nchito aziyesedwa, pa zonse, ngati sanachotsedwepo. Ndiye kuti malipiro ake, zaka zimene watumikira ndi zina zonse zomuyenera zikhale monga zikadakhalira akadapanda kuchoka.

Tsono pa nkhani ya apilo, anthu ambiri amasokera, anchito ndi mabwana omwe. Ambiri amayesa kuti bwana akangopereka mapepala a apilo, chigamulo chafa kufikira tsiku lina. Sizili choncho ayi. Ndime 65 ya lamulo la mu 1996 ikunena zinthu zitatu. Apilo iyenera kuchitika pasanathe masiku 30 chigamulo chitaperekedwa. Iyenera kukhala yodandaula kuti bwalo linalakwitsa potanthauzira lamulo kapena kuti linalibe mphamvu yomva mlanduwo; si mpata wokayambiranso kukangana ngati mabelo anasowadi kapena ayi. Chachitatu, ndipo ichi ndicho chachikulu, kuchita apilo pakokha sikuimitsa chigamulo, pokhapokha bwalo la milandu ya nchito lomwelo kapena Bwalo Lalikulu litalamula kuti chiyambe chaima. Motero ngati bwana sanatenge chiletso chotere, mlonda uja ayenera kubwerera pa chipata chimene ankalonda, ndipo mwezi ukatha ayenera kulandira ndalama yake, apilo ili chiyendere.

Komatu bwana amene ali ndi loya sachedwa kukapempha chiletsocho, ndipo nthawi zina chimayamba chaperekedwa wanchito asanamve n'komwe kuti pempho lotero lilipo. Mawu a bwana pa pempholi amakhala amodzimodzi pafupifupi pa mlandu uliwonse: munthuyu ndi wosauka, akapatsidwa ndalama adya, ndipo apilo ikadzakomera kampani sipadzapezeka chobweza. Woweruza amakhala ndi zinthu ziwiri zoti aziike pa sikelo. Kumbali ina, wopambana mlandu sayenera kumanidwa chimene wapambana popanda chifukwa chachikulu. Kumbali inayo, apilo isasanduke yopanda pake chifukwa ndalama zinapita kale kosabwerera. Bwalo la Supreme, pa mlandu wa Mike Appel and Gatto ndi Saulos Chilima, umene oweruza amautchula kawirikawiri pa nkhani yoimitsa zigamulo, linati chofunika ndi kuona mbali imene ingalakwiridwe koposa chiletso chikaperekedwa kapena chikakanidwa. Oweruza a kuno ananenaponso kuti umphawi wa munthu pawokha si chifukwa chokwanira chomumana zake, makamaka pamene umphawiwo wadza ndi zochita za yemweyo amene akupempha chiletso. Mfundo imeneyi njanzeru, pakuti nchosamveka kuti bwana achotse munthu molakwa, amsaukitse, kenaka aimirire m'khoti nkunena kuti munthuyo asalipidwe popeza ndi wosauka.

Akuluakulu anati mlandu suola. Nzoona, mlandu suola, koma amene akuudikira amadya tsiku ndi tsiku. Kudikira sikulemera mofanana pa bwana ndi pa wanchito. Kwa esiteti, chaka china cha mlandu ndi ndalama ya loya basi; fodya akubzalidwa, akuthyoledwa, akupita ku okushoni ku Kanengo, ndipo pa chipata paima kale mlonda wina. Kwa mlonda wochotsedwa, chaka chimenecho ndi dzinja lopanda feteleza, ndi Januwale ndi Febuluwale wa nkhokwe yopanda kanthu, ndi mwana wobwezedwa ku sekondale kaamba ka fizi, ndi ngongole ya katapila imene imabereka mwezi ndi mwezi. Munthu wotere akafikiridwa ndi mthenga wa bwana wonena kuti alandire kangachepe nkhani ithere pompo, ndi ochepa amene angakane. Kotero apilo, imene inaikidwa kuti ikonze zolakwa za oweruza, ingathe kusanduka chida chotopetsera wosauka kufikira atagonja yekha, ngakhale palibe woweruza amene wanena kuti ngwolakwa. Kuchedwa kwa milandu ya nchito ndi dandaulo lakale m'dziko muno, ndipo mu 2021 Nyumba ya Malamulo inachotsa dongosolo lakuti pa mlandu pazikhala nthumwi ya mabwana ndi ya anchito pambali pa woweruza, pofuna kuti milandu iziyenda msanga. Koma kufulumira kwa bwalo loyamba sikuthandiza kwenikweni ngati chigamulo chake chikukagona m'kabati ya apilo.

Omvera ambiri akukumbukira za ku Chancellor College ku Zomba mu 2011, pamene aphunzitsi anayi, mwa iwo Dr Blessings Chinsinga ndi Dr Jessie Kabwila-Kapasula, anachotsedwa pa mkangano wa ufulu wa kaphunzitsidwe. Nkhaniyo inazungulira m'makhoti, maphunziro anaima, ndipo inatenga miyezi yambiri kufikira mu Okutobala chaka chomwecho pamene Pulezidenti Bingu wa Mutharika analamula kuti abwerere pa nchito. Amenewo anali anthu ophunzira, okhala ndi bungwe lolimba, anzawo odziwa malamulo, ndiponso manyuzi amene ankalemba za iwo tsiku ndi tsiku. Ngati iwo anapirira movutikira, nanga mlonda wa ku Mkanda amene dzina lake silidzamveka pa wailesi?

Maiko ena anaona vuto limeneli nalikonzera lamulo lakelake. Dziko la India, limene linatengeranso malamulo ake ambiri ku Mangalande monga Malawi, linali ndi lamulo la mikangano ya pa nchito la mu 1947. Mu 1982 aphungu a kumeneko anaonjezamo ndime yotchedwa 17B, imene inayamba kugwira nchito mu 1984. Ndimeyo inati bwalo la za nchito likalamula kuti munthu abwezeredwe, bwana nkukatsutsa chigamulocho ku bwalo lapamwamba, bwanayo azilipira munthuyo malipiro athunthu amene ankalandira pomalizira, mwezi ndi mwezi, kwa nthawi yonse imene mlandu uli pamwambapo. Wanchito ankangofunika kupereka chikalata cholumbirira kuti sanalembedwe nchito kwina. Bwana akaonetsa umboni kuti munthuyo ali pa nchito ina ndipo akulandira zokwanira, khoti linkamumasula pa miyezi imeneyo. Lamulo latsopano la za nchito limene India anapanga mu 2020 linasunga mfundo yomweyi.

Nanga bwana akadzapambana apilo, ndalama zija zibwezedwe? Bwalo lalikulu kwambiri la India linayankha mu 1997, pa mlandu wa banki ya Dena Bank, kuti sizibwezedwa, chifukwa ndi ndalama zoti munthu ndi banja lake akhalire moyo podikira, osati ngongole. Koma bwalo lomwelo linatinso malipiro ake ndi aja a tsiku limene munthuyo anachoka, osaonjezapo zimene anzake akwezeredwa pambuyo pake. Nzeru ya lamuloli ili poyera. Bwana sanalandidwe ufulu wake wa apilo, koma kuchedwa kwa mlandu kwaleka kumkomera. Mwezi uliwonse umene mlandu ukugona, ndalama ikutuluka m'thumba mwake, choncho iye yemwe ndiye amayamba kukakamiza loya wake kuti mlandu umvedwe msanga. Ndipo amene ankafuna kuchita apilo pongofuna kutopetsa mnzake amayamba waganiza kawiri.

Ku Philippines anapita patsogolo pang'ono. Kuyambira mu 1989, lamulo la kumeneko likuti chigamulo cha woweruza woyamba chobwezera munthu pa nchito chitsatidwe nthawi yomweyo ngakhale pali apilo, ndipo bwana asankhe chimodzi: kumlandira munthuyo azigwira nchito, kapena kumbwezera m'buku la malipiro azilandira ali kunyumba. Ku South Africa, kumene kuli ana ambiri a dziko lino ogwira nchito m'mafamu, m'masitolo ndi m'nyumba za anthu, anatsata njira ina. Kuyambira mu Januwale 2015, bwana amene akukatsutsa ku khoti la za nchito chigamulo cha bungwe loyanjanitsa la CCMA sangachiimitse pokhapokha ataika chikole, ndipo pa chigamulo chobwezera munthu pa nchito chikolecho ndi malipiro a miyezi 24, kupatula ngati khoti lalamula mwina. Njira imeneyi imatsimikiza kuti ndalama idzapezeka pa mapeto, ndiponso imaletsa apilo zachibwana. Chofooka chake nchakuti ndalamayo imakhala yosungidwa, sifika m'manja mwa wanchito. Paja fodya wako ndi amene ali pamphuno, wapachala ngwa mphepo.

Chilungamo chikufuna kuti mbali ya bwana imvekenso. Si olemba nchito onse amene ali ndi maesiteti aakulu kapena mabanki. Pa Mchinji Boma, pa Kapiri ndi pa Waliranji pali mwini chigayo wa anchito awiri, mwini golosale, mlimi amene amaona ndalama kamodzi pa chaka akagulitsa fodya, mtedza kapena soya. Munthu wotere kumuuza kuti alipire mlonda amene akulonda ndi winanso amene ali kunyumba, kwa zaka ziwiri, nkumugwetsa. Ndiponso oweruza ndi anthu, amalakwitsa. Alipo mabwana amene apilo yawo njoona. Komabe bwana ali ndi pothawira pamene wanchito alibe. Ngati akuona kuti kulipira munthu wosagwira nchito nkutaya ndalama, angathe kumlandira munthuyo, kumpatsa nchito, ngakhale pa malo ena osayandikira shedi ya fodya, nalandira thukuta lake posinthana ndi malipirowo. Apilo ikadzamkomera, sanataye kanthu, chifukwa analipira nchito imene inagwiridwadi.

Lamulo la Malawi linaika nkhaniyi m'manja mwa woweruza amene akumva pempho la chiletso. Ubwino wake ngwakuti woweruza angathe kusiyanitsa mwini chigayo ndi kampani yaikulu, ndipo ali ndi mphamvu yoika zoti bwana akwaniritse asanapatsidwe chiletsocho. Nthawi zina makhoti amalamula kuti gawo lina la ndalama liperekedwe kwa wanchito pomwepo, lotsalalo lidikire apilo, kapena kuti ndalama ziikidwe ku khoti. Kuipa kwake nkwakuti zonsezi zimadalira kuti pakhale wina wolankhulira wanchito pa tsikulo. Ku India wanchito ankangolumbira kuti alibe nchito, ndalama nkuyamba kubwera. Kuno ayenera kudziwa kuti pempho laperekedwa, kupeza ya basi yopitira ku Lilongwe, ndi kutsutsana ndi loya pa nkhani za malamulo. Aphungu ndi mabungwe a anchito, monga la Malawi Congress of Trade Unions, angachite bwino kulingalira ngati sikoyenera kulemba m'lamulo momveka kuti chigamulo chobwezera munthu pa nchito chisaimitsidwe popanda malipiro a mwezi ndi mwezi. Akatero, asatengere India pa zonse. Ndalama ya kwacha inachepetsedwa mphamvu ndi 25 peresenti mu Meyi 2022, ndiponso ndi 44 peresenti mu Novembala 2023. Munthu amene anachotsedwa mu 2021, akadati azilandira malipiro a chaka chimenecho osasinthika, bwenzi akulandira ndalama yosakwana kugula zimene ankagula kale. Kuno malipiro otere angakhale ndi phindu pokhapokha atamayendera limodzi ndi zimene anzake a pa nchito yomweyo akulandira.

Pakali pano wanchito amene wapambana mlandu ali ndi zochita zake, ndipo asazichedwetse. Atenge kope la chigamulo ku ofesi ya bwalo, akaonekere ku nchito pa tsiku limene bwalo lanena, ndipo ndi bwino kupita ndi mboni kapena kudziwitsa a leba, kuti mawa bwana asadzanene kuti munthuyo sanabwere yekha. Akauzidwa kuti pali apilo, afunse funso limodzi lokha: kodi chiletso cha khoti chili kuti? Kalata ya loya si chiletso. Ngati chiletso chilipodi ndipo chinaperekedwa iye palibe, ali ndi ufulu wopempha khoti kuti limumve, lichichotse kapena liikepo zoti bwana akwaniritse. Amene alibe ndalama ya loya angathe kupempha thandizo ku bungwe la boma la Legal Aid Bureau kapena ku bungwe la anchito ngati ali membala. M'chikalata chake cholumbirira afotokoze zoona zokhazokha: anthu amene akuwadyetsa, lendi, fizi, ngongole, ndi kuti mavuto amenewa anayamba ndi kuchotsedwa kwake. Ngati akugwira maganyu kapena akupalasa kabaza kuti ana asagone ndi njala, anene poyera. Kubisa kungamuonongere mlandu bwana akadzatulukira, pamene kunena kumaonetsa woweruza kuti munthuyo sanangokhala pansi kudikira ndalama ya khoti.

Nanga bwana akangokana kumlandira, popanda chiletso chilichonse? Ndime 63 ija inaoneratu zimenezi. Ikuti bwana akapanda kutsata lamulo lobwezera munthu pa nchito, munthuyo alandire ndalama yapadera yofanana ndi malipiro a masabata 12, kuonjezera pa chipukuta misozi. Chipukuta misozicho chili ndi malire a pansi amene bwalo silingatsikepo: malipiro a sabata imodzi pa chaka chilichonse kwa amene watumikira zaka zosapitirira 5, masabata 2 pa chaka kwa wa zaka zopitirira 5 kufikira 10, masabata 3 kwa wa zaka zopitirira 10 kufikira 15, ndi mwezi wathunthu pa chaka kwa amene wapitirira zaka 15. Mlonda uja wa zaka 8 sangalandire zochepera masabata 16, ndipo pamodzi ndi 12 aja zikwana masabata 28. Bwalo lingathe kupereka zoposa pamenepo likaona kukula kwa zimene munthuyo wataya. Bwana akakananso kulipira zimenezi, wanchito abwerere ku ofesi ya bwalo kukapempha kuti asherifu akalande katundu wa bwanayo ndi kumgulitsa, pakuti chigamulo cha bwalo la milandu ya nchito chili ndi mphamvu yofanana ndi cha Bwalo Lalikulu.